Manda Amene Apongozi Anga Anasesa

Apongozi anga anali munthu woti akalowa m'nyumba mwako, moni asanapereke, chala chayamba kale kuyenda pawindo. Akachiyang'ana chalacho kenako n'kukuyang'ana iwe, basi tsiku lako lawonongeka. Anagwira ntchito yokolopa m'maofesi moyo wawo wonse, ndipo atapuma anangoinyamula ntchitoyo n'kubwera nayo kwa ife. M'dera lathu ankawatchula Mayi Tsache, iwo n'kumavomera bwinobwino, poti sankaonapo chipongwe.

Ine ndili ndi saluni, ndiye ganizani nokha mmene tinkakhalira. Akabwera ankaima pakhomo, manja kumbuyo, maso pansi pomwe pagwera tsitsi.

"Inu a saluni, makasitomala anuwa amabwera kudzaluka tsitsi kapena kudzalitaya?"

"Amayi, tsache lili kuseri kwa chitseko, ndipo silinatope."

Ankalitengadi. Ankasesa mpaka pansi pa mapazi a kasitomala, akung'ung'udza kuti mwana wawo anakwatira mkazi wa pakamwa. Sindinganame, pakamwa ndili napo. Tinkakangana tsiku ndi tsiku, koma ndikadwala woyamba kufika anali iwowo, atanyamula ndowa ndi sopo, ngati kuti matenda amachoka ndi kukolopa.

Mpingo umene ndinakwatiwamo ndi waung'ono ndipo uli ndi malamulo ake. Lalikulu ndi la kumanda. Manda athu ali kuseri kwa tchalitchi, kutsetserekera kumsewu waukulu, ndipo simungapezeko chiliza, mtanda kapena dzina la munthu. Maliro akaikidwa, mtumbira umakhala chaka, kenako amayi a mumpingo amabwera ndi makasu n'kuusalaza kuti pakhale pamodzimodzi ndi ponse. Abusa amati kumanda kulibe bwana, ndipo Mulungu sasowa chikwangwani kuti apeze anthu ake. Wotsogolera amayi osalazawo anali apongozi anga. Mtumbira wa amuna awo, omwe anali okonza njinga, anausalaza okha ndi khasu lawo, misozi ikugwera pampini, koma sanasiyeko ngakhale chibuluma chimodzi.

Koma anthu ndi anthu. Lamulo linalipo, ndipo aliyense ankaliphwanya pang'onopang'ono, mwaulemu. Wina ankakwirira theka la njerwa kumutu kwa mayi ake, wina tako la botolo, wina n'kubzala kaduwa ngati kamera kokha. Pena nthaka inkatitimira, pakhala kadzenje komwe udzu unkamera wobiriwira kuposa pena. Amuna anga anakwirira pedulo ya njinga pamene panagona bambo awo, n'kusiya kansonga kokha kakuoneka. Akulu a mpingo ankaziona zonsezi koma ankayang'ana kumwamba, chifukwa nawonso anali ndi njerwa zawo.

Ndiye kunabwera a misewu. Anayamba ndi penti yofiira pamipanda ya anthu, kenako zikhomo. Mzere wa zikhomozo unadutsa mpanda wa manda n'kudula chigawo chonse chakumunsi, momwe munagona apongozi anga aamuna. Anati msewu ukhala wa mizere iwiri mbali iyi, iwiri mbali iyo. Mpingo unapeza loya n'kukatenga chiletso kukhoti, ndipo mlandu unayamba kuyenda mmene milandu imayendera, lero woweruza wadwala, mawa loya wa mbali ina ali kumaliro. A misewu ankanena chinthu chimodzi chokha, chakuti manda enieni ali kumtunda, ndipo chakumunsicho ndi tchire chabe lomwe mpingo unangolitchingira. Loya wathu ankati muli anthu. Woweruza, mayi wamagalasi wosakonda zolankhulalankhula, atatopa anati abwera adzaone yekha.

Apa ndi pamene tinadzipha tokha. Uthenga utafika kutchalitchi kuti woweruza akubwera, apongozi anga anaimirira pakati pa amayi, nkhope ili gwa.

"Mlendo wamkulu chonchi adzatipeze mu uve? Adzati mpingo uno mulibe akazi?"

Palibe anawatsutsa, chifukwa palibe anaona cholakwika. Mlendo akamabwera umasesa, basi. Loya sanatiuze kuti tisakhudze kanthu, poti sizinamubwerere m'mutu kuti pali anthu amene angakolope umboni wawo womwe. Amayi analowa m'manda ndi makasu, matsache ndi mawilibala. Analima udzu wonse, anazula maduwa, anakwirira timaenje tonse ndi dothi lochokera kwina, n'kupondaponda. Njerwa, mabotolo, tizitsulo, zonse anazifukula n'kuziunjika kunja kwa mpanda. Ine ndinafika madzulo nditatseka saluni, ndipo pamwamba pa muluwo ndinaona pedulo yadzimbiri.

"Amayi, ichi si cha bambo?"

"Ndikuchidziwa. Mukuganiza kuti zaka zonsezi sindinkachiona?"

"Ndiye mwachichotseranji?"

"Ndichotse za anzanga, changa ndisiye? Tenganitu tsachelo, a saluni, m'malo moima ngati mtengo wa magetsi."

Tsiku la woweruza, manda athu ankawala. Panali posalala, pofiira, mizere ya tsache ikuoneka bwino ngati tsitsi lopesa. Amayi anaima kumpanda mu yunifolomu yochapa, akumwetulira. Loya wathu atatsika m'galimoto anaima, nagwira mutu ndi manja onse awiri. Loya wa a misewu anachita kutembenuka kuti tisaone mano ake.

Woweruza anayenda pang'ono, nsapato zake zikusiya mapazi pa dothi losesedwalo. Anayamikira kuti malowo ndi osamalidwa bwino, ndipo ndinaona apongozi anga akutukumula chifuwa. Kenako anafunsa kuti, "Nanga manda amene mukunenawo ali pati?"

Anthu anathamangira m'bwalomo aliyense kukaloza pake, koma popanda njerwa ndi maduwa aja onse anasokonezeka. Mabanja awiri analoza malo amodzi n'kuyamba kukangana pamaso pa woweruza. Bambo wina analoza apa, mkazi wake n'kumukoka kuti ayi ndi apo. Ine maso anga anali pa apongozi. Anayenda molimba mtima kulowera kumunsi, anaima, anayang'ana kumpanda, anasuntha pang'ono, anaimanso. Anabwerera m'mbuyo. Kenako anangoima kakasi pakati pa bwalo lomwe anasesa okha. Sindinawamverepo chisoni ngati tsiku limenelo, ndipo chisonicho chinasakanikirana ndi mkwiyo moti ndinkafuna kuwakumbatira ndi kuwagwedeza nthawi imodzi.

Chigamulo chinatuluka monga mmene aliyense ankayembekezera. Khoti linati silinaone manda m'chigawo chakumunsi, chiletso chachotsedwa, a misewu apitirize ntchito. Akulu a mpingo anaitanitsa msonkhano n'kunena kuti achita apilo, koma pakadali pano wina asayerekeze kuika chizindikiro chilichonse, chifukwa sitingagule chilungamo ndi tchimo. Abusa anawonjezera kuti thupi ndi fumbi, ndipo tsiku lomaliza Mulungu adzadzutsa anthu ake ngakhale pansi pa phula. Amayi ena anavomera ndi ameni wofooka.

Apongozi anga anasiya kusesa. Ichi ndicho chinatiopsa tonse. Ndinapita kwawo ndi kupeza mbale zili mbwee m'beseni, kangaude atamanga pakona, iwo atakhala pampando akuyang'ana khoma. Ndinayendetsa chala pawindo dala kuti mwina andikalipire, koma sanatembenuke n'komwe. Apilo inali isanapatsidwe ndi tsiku lomwe, pamene katapila ya a misewu inali itagwetsa kale golosale ya pakona ndipo inkabwera ikudya mipanda umodziumodzi.

Tsiku lina m'mawa ndikuluka kasitomala, ndinangoona chithunzithunzi pakhomo. Apongozi analowa n'kuponda tsitsi lomwe linali pansi osaliyang'ana.

"Wilibala yanu ija ili kuti?"

"Ili kuseri. Mukufuna mukasesenso pati, amayi? Sipanakwane paja?"

Ndinaluma lilime mawu atatuluka kale, koma iwo sanakwiye.

"Paja ndinalakwa. Tsekani saluniyi, mundithandize kunyamula simenti."

Kasitomala ndinamusiya mutu theka, ndipo mpaka lero sanabwerenso. Tinatenga simenti kuhadiweya, mchenga ndi miyala tinatapa pa mulu wa a misewu omwewo, dzuwa likuswa mtengo, anthu akuona. Apongozi anati akabwera kudzafunsa tidzawauza kuti zikugwira ntchito ya pamsewu pomwepa. Titafika kumunsi kwa manda anatenga kamtengo n'kujambula pansi. Anayambira pafupi ndi mpanda, nayenda, nayenda, nakhota, mpaka chojambulacho chinakula ngati chipinda chochezera.

"Amayi, bambo anali aatali, koma osati chonchi."

"Sindikudziwa pomwe ali. Ndiye ndiphimba ponse pomwe angakhale. Thirani madzi."

Tinakanya simenti ndi fosholo, iwo atamanga nsalu m'chiuno, mayi wachikulire amene mawondo ake ankalira akamakwera masitepe. Tisanafike ndi pakati pomwe, kunatulukira mayi wina wamasiye, mnzawo wa m'kwaya, atasenza thumba la simenti pamutu. Sanapereke moni. Anangolitsitsa n'kunena kuti mwana wake ali chapomwepa, tiwonjezereko mbali iyi. Kenako kunabwera wina, ndi winanso, amayi omwe aja anasesa, tsopano atanyamula ndowa ndi mafosholo. Chilizacho chinakula mopanda dongosolo, kuno chotambalala, uko chopyapyala, chokhotakhota ngati chigamba. Simenti isanaume, wina anatola msomali n'kulemba dzina la mwamuna wake, ndipo msomaliwo unayenda dzanja ndi dzanja. Apongozi anga sankadziwa kulemba bwino, ndiye anatulutsa m'chikwama pedulo ija, yomwe ine ndinkaganiza kuti inatayidwa kalekale, n'kuikanikiza pakati pa simenti.

Abusa anafika akuthamanga, jekete ili m'manja.

"Mayi, inu? Mwa anthu onse, inu? Amene mwaphunzitsa mpingo wonse kusalaza?"

"Ndine ndemwe, abusa."

"Mukudziwa chimene lamulo limanena pa munthu woika chiliza?"

"Ndalisunga lamulolo inu musanayambe kumeta ndevu. Amadulidwa."

"Ndipo wodulidwa saikidwa m'manda muno. Malo anu pafupi ndi amuna anu mukuwataya."

Apongozi anaweramuka, nagwira msana, nayang'ana msewu pomwe malole ankadutsa.

"Abusa, bambo aja moyo wawo wonse ankathawa malole ndi njinga yawo. Lero ndiwasiye aziwaponda pachifuwa usana ndi usiku, kuti ine ndidzagone pabwino? Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Pondani uko, mukuwononga simenti."

Apolisi anabwera tsiku lotsatira, a misewu atadandaula kuti wina wamanga pamalo a boma. Amayi ena aja anali atabalalika, koma apolisiwo anapeza apongozi atakhala pa chilizacho akuchithirira madzi kuti chisang'ambike, n'kuwatenga. Nditapita kukawaona kupolisi ndinawapeza ali ndi chokolopera m'manja, akukalipira wapolisi wa pakauntala kuti anyamule miyendo. Ndinaseka mpaka misozi, chifukwa ndinadziwa kuti munthu wathu wabwerera.

Kukhoti, loya wa a misewu anadzikola yekha. Anati chilizacho ndi chabodza, chomangidwa dzulodzulo pofuna kutchinga chitukuko, ndipo pansi pake palibe kanthu. Loya wathu, yemwe anali asanatikhululukire za kusesa zija, anaimirira n'kunena kuti ngati ndi choncho, khoti lilamule kuti akumbe. Poyamba palibe akanalamula kukumba bwalo lopanda kanthu, koma tsopano panali chinthu chooneka choti mbali ziwirizo zikanganirane. Woweruza analamula kuti akumbe. Kunabwera a zaumoyo ndi magolovesi awo, anatchinga ndi matenti, naswa simenti yathu mbali imodzi. Sanakumbe nthawi yaitali. Anapeza matabwa a bokosi, pambali pake ena, kutsogolo enanso. Mkulu wawo anatuluka mu tenti, navula chipewa, nauza anyamata ake kuti akwirire.

Wina anafunsa apongozi ngati amuna awo anali m'gulu la opezekawo. Anayankha kuti sakudziwa ndipo safuna kuwasuzumira, munthu akagona wagona.

Chiletso chinabwereranso, ndipo mlandu unakwera kukhoti lalikulu komwe unakhala zaka. Pomaliza a misewu anauzidwa kuti akhotetse msewu wawo. Ukadutsa lero uona kuti mizere inayi ija ikafika kuseri kwa tchalitchi chathu imapanikizana n'kukhota ngati yaona njoka, ndipo madalaivala a minibasi amatukwana pamenepo m'mawa uliwonse. Ine ndikakwera ndimangokhala phee, mtima ukukoma.

Mpingo unachita mapemphero othokoza Mulungu chifukwa chopulumutsa manda, ndipo sabata yotsatira unadula amayi onse amene anagwira simenti. Anati wolapa pamaso pa mpingo abwezeredwa. Amayi aja analapa mmodzimmodzi, ndipo sindiwaweruza, aliyense ali ndi pomwe akufuna kukagona. Akulu a mpingo anabwera kunyumba kwa apongozi kangapo, mowanyengerera ndithu, chifukwa tchalitchi chinali chitayamba kuda. Amuna anga anawagwadira mayi awo.

"Amayi, ndi mawu awiri okha. Mungonena kuti ndinalakwa, basi."

"Ndinalakwa posesa. Chimenecho ndilapa ngakhale pa wailesi. Koma simenti ija ayi. Ndikanama m'tchalitchi kuti ndipeze manda, ndiye ndikagonamo bwanji?"

Sanalowenso m'tchalitchimo. Koma Loweruka lililonse ankatenga tsache n'kukasesa kunja kwa mpanda wa manda, m'mbali mwa msewu, kutola mapepala ndi mabotolo omwe anthu a m'minibasi amataya. Lamulungu ankakhala pakhonde pawo atavala yunifolomu, akuimba nyimbo zomwe ankazimva kuchokera kutchalitchiko. Akulu a mpingo ankadutsa ndi njira ina.

Atadwala matenda awo omaliza, ndinawatengera kwathu. Ndinkakolopa chipinda chawo kawiri pa tsiku, iwo n'kumandilozera ndi maso pomwe ndasiya. Masana ena anandiitana.

"A saluni, mukandiika kumanda a khonsolo, ndikudziwa. Koma chaka chikatha mukasalaze. Musandiikire mwala, musandiikire dzina."

"Amayi, anakudulani anthu amenewa. Lamulo lawo likukukhudzaninso pati?"

"Anandidula ndi iwo, ine sindinadzidule. Ndinaliphwanya kamodzi chifukwa cha bambo anu. Sindingaliphwanye chifukwa cha ine."

Tinawaika kutsidya lina la mzinda, pakati pa anthu osawadziwa, manda okhala ndi ziliza za matailosi ndi zithunzi. Chaka chitatha ndinapita ndi khasu n'kusalaza monga ananenera, ndikulira ndiponso ndikuwanyoza chamumtima chifukwa cha liuma lawo. Panatsala kabwalo kofiira pakati pa ziliza ziwiri, ndipo ndinkapita kukasesapo mwezi ndi mwezi.

Mwezi wathawu nditafika ndinapeza azibambo awiri okumba manda a khonsolo ataima pa kabwaloko. Wina anali atakhoma kale chikhomo, wina akulavulira m'manja kuti agwire piki. Ndinakuwa moti mbalame zinathawa m'mitengo.

"Mukutani pamenepo?"

"Pali maliro mawa, mayi. Tapatsidwa malo ano, ndi opanda munthu."

"Opanda munthu? Muli apongozi anga mmenemo!"

Anayang'ana pansi posalala, posesedwa bwino, kenako anayang'ana ine ngati wamisala. Wamkuluyo anafunsa mwaulemu ndithu kuti, "Nanga manda ake ali pati?"

Mawu amenewo ndinali nditawamvapo kale. Ndinazula chikhomo chawo n'kuchiponya kutali, ndinakhala pansi pomwepo, n'kuimbira amuna anga kuti atseke saluni, abwere ndi wilibala ndi simenti. Anayamba kundikumbutsa zomwe mayi awo ananena, ine ndinawauza kuti abweretsenso msomali. Tinathira tsiku lomwelo, chiliza chachikulu, chokhuthala, choti piki ikagunda ibwerere. Pakati pake ndinakanikizapo tsache lawo, lomwe linali litatha mpaka kutsala chigwiriro.

Ndikudziwa kuti sanandilole. Tikadzakumana adzandifunsa, chala chili m'mwamba, ndipo ine ndidzawafunsa kuti ndinaphunzira kwa yani. Tidzakangana konko, tinazolowera.